Msewu wa Campagne-Première ndi munthu amene anali kuseri kwa kamera

Mukatuluka pa siteshoni ya Raspail, m'sitima zija zoyenda pansi pa nthaka mumzinda wa Paris, mumakhala mwafika kale. Msewu wa Campagne-Première uli pomwepo, wowongoka ngati chingwe, wosakwana ndi mamita 300 omwe. Umayambira pa msewu waukulu wa Montparnasse n'kudzathera pa wa Raspail. Nyumba zosanja zauthina uku ndi uku, magalimoto andanda m'mbali, ndipo munthu wosadziwa angaudutse m'mphindi zinayi osacheuka. Ine ndinathapo theka la tsiku, kupita n'kubwerera, maso ali pa manambala a pazitseko.

Chinandikokera kumeneko ndi mphindi zotsiriza za kanema wa À bout de souffle, dzina lotanthauza munthu amene mpweya wamuthera. Anatuluka mu Marichi 1960. Mnyamata wakuba magalimoto, amene wapha wapolisi, wabisala ndi chibwenzi chake pa nambala 11 mumsewu womwewu. M'mamawa mtsikanayo amuneneza kupolisi. Mfuti ilira, mnyamata agwira kumsana ndi dzanja, nayamba kuthamanga modzandira kulowera ku Raspail, malaya oyera akuthimbirira, uku akugunda magalimoto oimikidwa m'mbali. Anthu oyenda pansi akucheuka, ena akuima kukamwa kuli yasa. Pamphambano agwa chafufumimba, kenaka tiona nkhope yake ali chagada, utsi wa fodya ukutuluka m'kamwa, mpaka adzitseka yekha maso ndi dzanja lake.

Amene anaonerapo kanemayu amatchula Jean-Paul Belmondo, wothamangayo, ndi Jean Seberg, mtsikana wa tsitsi lometa lija. Ophunzira amatchula Jean-Luc Godard, amene anatsogolera ntchito yonse. Koma Belmondo akuthamanga timamuona kumbuyo, chithunzi chikugwedezeka pang'ono, kutanthauza kuti panali wina amene ankamulondola, diso lili pa kamera. Ameneyo anali Raoul Coutard, ndipo ndiye ndinapitira.

Chifukwa chake n'chakuti ndinakulira pafupi ndi munthu wa ntchito imeneyi. Malume anga ankayenda pa njinga yakapalasa m'maukwati ndi m'masukulu, kamera ili pakhosi. Asanatole chithunzi ankayamba ayang'ana kumwamba. Mtambo ukabwera ankauza akwati kuti adikire pang'ono, dzuwa likapsa kwambiri ankawasunthira pamthunzi wa mango kuti asatsinzine. Zithunzi zawo zidakapachikidwabe m'nyumba zambiri, koma iwo mulibe m'chithunzi n'chimodzi chomwe. Kuyambira ubwana, ndikaona chithunzi chabwino mtima wanga umafunsa za amene anaima kutsogolo kwa anthuwo, amene onse akumuyang'ana koma ife sitikumuona.

Dzina la msewuwu n'lankhondo. Mkulu wa asilikali, Alexandre Taponier, anali ndi malo kumeneko, ndipo anautcha Campagne-Première pokumbukira nkhondo yake yoyamba, ya ku Wissembourg mu 1793. Patapita zaka zana, anthu amene anadzaza msewuwo anali amisiri ojambula ndi osema, ambiri a iwo obwera, osowa ndi ya lendi yomwe. Pa nambala 9 panamangidwa zipinda zambirimbiri zogwiriramo ntchito, ndipo zomangira zake zinachokera ku nyumba zimene zinagumulidwa chitatha chionetsero chachikulu cha mu 1889, chomwe chija chinasiyira mzindawu nsanja ya Eiffel. Pa nambala 3 panali kalesitilanti ka mayi wa ku Italy, Rosalie Tobia, kumene Amedeo Modigliani ankadya, ndipo nthawi zina m'thumba mukauma ankasiya chojambula m'malo mwa ndalama.

Koma chitseko chimene ndinaimapo nthawi yaitali ndi cha nambala 17 bis. M'nyumba imeneyi munkakhala Eugène Atget kuyambira cha mu 1899 mpaka imfa yake mu Ogasiti 1927. Anali atayesapo ntchito ya pa sitima zapamadzi, atayesaponso zisudzo osaphula kanthu, ndipo kutola zithunzi anakuyamba ali wamkulu kale. M'bandakucha uliwonse ankatuluka pakhomo limeneli atasenza kamera yamatabwa ya miyendo itatu, pamodzi ndi magalasi ojambulirapo a masentimita 18 kwa 24, katundu wothyola msana. Ankapita kukajambula Paris yakale imene inkagumulidwa iye akuona: tinjira tothina, makwerero, zogogodera pazitseko, mawindo a masitolo, anthu otola nsanza okhala m'zisakasa kumalire a mzinda. Ankakonda kuwala kwa m'mawa anthu asanadzuke, n'chifukwa chake m'zithunzi zake zambiri misewu ili zii, ngati kwagwa maliro. Anatola zithunzi zikwizikwi, n'kumazigulitsa motchipa kwa amisiri ojambula, kwa omanga nyumba ndi kumalaibulale. Iye sankadziwerengera m'gulu la akatswiri a luso. Zithunzi zake ankaziona ngati zosungira maonekedwe a zinthu, zoti ena agwiritse ntchito.

Zitseko zingapo kutsogolo, pa 31 bis, pali nyumba imene simungaiphonye, ya mawindo akuluakulu ndi khoma lokutidwa ndi matailosi okongoletsedwa, yomangidwa mu 1911. Mmenemo kuyambira mu 1922 munali situdiyo ya Man Ray, wojambula wa ku America, ndipo pafupi pake, pa 29, pali hotela ya Istria kumene ankagona iye, Kiki de Montparnasse, Marcel Duchamp ndi anzawo ambiri. Man Ray anagula zithunzi zingapo kwa mkulu woyandikana nayeyo, ndipo mu 1926 anaziika m'magazini ya La Révolution surréaliste. Chimodzi, cha khamu la anthu akuyang'ana kadamsana, chinakhala pachikuto. Atget anavomera, koma anakana kuti alembepo dzina lake. Amene anapulumutsa ntchito yake ndi Berenice Abbott, mtsikana amene anayamba ngati wothandizira mu situdiyo ya Man Ray. Anamujambula mkuluyo mu 1927, ndipo mmene ankabwera nazo zithunzizo kuti adzamuonetse anapeza atamwalira. Anagula zambiri mwa zimene zinatsala n'kupita nazo ku New York, kumene Museum of Modern Art inadzazitenga mu 1968.

Tsono Belmondo, pothamanga kuchokera pa 11 kupita ku Raspail, anadutsa pakhomo pa Atget, pa Istria ndi pa situdiyo ya Man Ray. Anadutsanso pa 14, pamene masiku omwewo pankakhala Yves Klein, mmisiri uja wa utoto wobiriwira ngati thambo. Ndipo womulondola ndi kamera uja anali munthu amene, mwa maganizo anga, anali mdzukulu weniweni wa Atget pa ntchito, ngakhale Atget anamwalira iye ali ndi zaka ziwiri zokha.

Coutard anabadwira mu Paris pa 16 Seputembala 1924. Ankafuna kuphunzira za kasakanizidwe ka mankhwala, koma ndalama za sukulu zinavuta, n'kupatukira ku zithunzi. Mu 1945 analowa gulu la asilikali a France lopita ku Indochina, dera limene lero ndi Vietnam, Laos ndi Cambodia, ndipo anakhala kumeneko zaka 11, poyamba ngati msilikali, kenaka ngati wojambula nkhondo. Zithunzi zake zinkatuluka m'magazini monga Paris Match ndi Life. Kunkhondo kulibe wokuunikira nyale, kulibenso woimitsa anthu kuti abwereze. Kuwala kumene wakupeza ndi komweko, ndipo ukachedwa kudina, chinthucho chapita. Sukulu yake inali imeneyo.

Kumeneko anadziwana ndi Pierre Schoendoerffer, wojambula makanema a asilikali amene anagwidwa ukaidi pa Dien Bien Phu mu 1954. Mu 1956 Schoendoerffer anamuitana ku Afghanistan kukajambula La Passe du diable, nkhani yolembedwa ndi Joseph Kessel, ya masewera a pa akavalo otchedwa buzkashi. Coutard anali asanagwirepo kamera ya kanema, ndipo iye mwini ankasimba kuti anavomera poganiza kuti akumuitanira zithunzi wamba. Anaphunzirira pantchito pomwepo, m'fumbi la akavalo. Mwini ndalama za kanemayo, Georges de Beauregard, anamukonda chifukwa anali wachangu ndi wosawononga. Choncho mu 1959, Beauregard atavomera kuika ndalama zochepa pa kanema woyamba wamtali wa Godard, anamuuza kuti wojambula akhala Coutard. Godard anali ndi munthu wake m'maganizo, Michel Latouche, koma mwini thumba anali atanena.

Kuti timvetse chimene awiriwa anachita, tiyenera kudziwa mmene makanema ankajambulidwira ku France nthawi imeneyo. Ntchito yambiri inkachitikira mu situdiyo, m'zipinda zopanda denga kuti nyale zikuluzikulu zipachikidwe pamwamba. Kamera inali chimphona choyenda pa njanji. Wojambula wamkulu ankatha maola akukonza nyale kuti nkhope ya mkazi isalale, mthunzi ugwere pamene iye wafuna. Godard analibe ndalama za zonsezo, komanso sankazifuna. Ankafuna kanema wooneka ngati atolankhani akulondola anthu enieni. Kwa wojambula wokulira mu situdiyo zimenezi zikanakhala chipongwe, koma kwa Coutard inali ntchito imene anaizolowera kale.

Anayamba pa 17 Ogasiti 1959. Kamera inali Caméflex ya kampani ya Éclair, yopepuka moti munthu n'kuinyamula paphewa, koma yaphokoso ngati makina osokera. Phokosolo linachititsa kuti mawu asajambulidwe pamalopo, anadzawaika pambuyo pake. Godard anapezerapo mwayi: mawu a tsikulo ankawalemba m'mawa womwewo, ndipo kamera ikuzungulira ankawauza azisudzowo zoti anene. Njanji panalibe. Pofuna kuti kamera iyende, Coutard ankakhala pa njinga ya olumala, Godard n'kumamukankha. Pa Champs-Élysées, pamene Seberg akuyenda pakati pa msewu akugulitsa nyuzipepala ya New York Herald Tribune, Coutard anali atadzipinda m'kangolo konyamulira makalata a positi, kobooledwa kutsogolo kuti diso la kamera lisuzumire. Anthu odutsa sankadziwa kuti akulowa m'kanema. Pulezidenti Eisenhower wa ku America atafika mu Paris kumayambiriro kwa Seputembala, iwo anajambula khamu ndi mdipiti wa magalimoto n'kuzilowetsa m'nkhani yawo.

Chimene chimandigwira mtima kwambiri ndi nkhani ya filimu yeniyeniyo, kachingwe kaja kolowa m'kamera. Kuti ajambule usiku ndi m'malo amdima popanda nyale, pankafunika filimu yomva kuwala msanga. Coutard ankaidziwa kuchokera ku ntchito yake yakale: Ilford HPS, ya ku England. Vuto linali lakuti inkagulitsidwa kwa otola zithunzi wamba okha, m'timipukutu ta mamita pafupifupi 18, pamene kamera ya kanema imameza mamita amenewo m'masekondi osakwana 40. Tsono ankalumikiza timipukututo, kamodzikamodzi, mpaka kukwana mamita 120. Aliyense amene analowapo m'chipinda chotsukira zithunzi akudziwa kuti ntchito yotere imachitika mumdima wa ndiweyani, ndi zala zokha, ndipo ukalakwitsa pamodzi filimu imakaduka m'kamera anthu ali pakati pa sewero. Potsuka ankaikhalitsa m'mankhwala kuti mphamvu yake yomva kuwala ichoke pa 400 kufika pa 800. Zotsatira zake ndi chithunzi chokhala ngati chawazidwa mchenga wosalala, ndipo usiku wa Paris ukuoneka mmene maso a munthu amauonera, magetsi a m'misewu akuwala, kwinako kuli bii.

Pakati pa kanemayu pali chigawo cha mphindi zoposa 20 m'kachipinda ka hotela ya Suède, m'mphepete mwa mtsinje wa Seine. Kachipindako kanali kodzaza ndi bedi, moti wojambula ankachita kudzipanikiza pakona. Kuwala kwake n'kwa pawindo, kodutsa m'makatani oyera n'kugwera pa nsalu zofunda. Ndikaonera chigawo chimenechi ndimakumbukira malume akusuntha mpando wa mkwatibwi kuti uyandikire pakhomo. M'makanema otsatira, pamene nyale zinafunikadi, Coutard ankaziloza kudenga kuti kuwala kubwerere pansi kofewa, kofanana m'chipinda chonse. Mwakutero azisudzo ankayenda mmene afunira, kamera n'kutembenukira kulikonse popanda kuima kuti akonzenso nyale. Lero wojambula aliyense amachita zimenezi osaganizirako, koma nthawi imeneyo akuluakulu a ntchitoyi ankaziona ngati ulesi.

Anamaliza pa 15 Seputembala, mawa lake Coutard n'kukwanitsa zaka 35. Kanemayu ataonetsedwa, anthu oposa 2 miliyoni anagula matikiti ku France, ndipo Godard analandira mphoto ku Berlin. Kuchokera apo Coutard sanapume. Anajambula makanema onse aatali a Godard mpaka Week-end mu 1967, kupatulapo Masculin féminin yekha, n'kudzabwereranso pa Passion mu 1982 ndi Prénom Carmen mu 1983. Anajambulira François Truffaut makanema anayi, kuphatikizapo Jules et Jim. Anapita ku Nantes ndi Jacques Demy kukajambula Lola, kanema woyera mbee ngati nsalu yoyanikidwa padzuwa. Mu Alphaville, nkhani ya mzinda wam'tsogolo, sanamange kalikonse: anangojambula nyumba zatsopano za Paris usiku, ndi magetsi a momwemo. Z wa Costa-Gavras anakamujambulira ku Algeria mu 1968, ndipo iye mwini amaonekamo pang'ono ngati dokotala wa opaleshoni.

Makanema a zochitika zenizeni sanawataye. M'chilimwe cha 1960 anali mmodzi wa ojambula a Chronique d'un été, pamene Jean Rouch ndi Edgar Morin ankafunsa anthu a mu Paris ngati ali okondwa ndi moyo wawo. Mu 1967 anatsagana ndi mtolankhani Peter Lennon ku Ireland kukajambula Rocky Road to Dublin, akulowa m'mabawa, m'masukulu ndi m'mabwalo a masewera a dziko limene chinenero chake sichinali chake. Ndimaona kuti kwa iye panalibe mpanda pakati pa ntchito ziwirizi. Belmondo ankamujambula ngati munthu wopezeka mumsewu, ndipo munthu wamumsewu ankamupatsa ulemu wonse wa katswiri wa zisudzo.

Pali malo amodzi pamene nkhope yake imaoneka ali pantchito. Kumayambiriro kwa Le Mépris, wa mu 1963, wojambulidwa ku Rome ndi ku Capri, kamera yaikulu ikubwera pa njanji mu situdiyo za makanema, ikulondola mtsikana akuwerenga buku. Mayina a ogwira ntchito sanalembedwe, akutchulidwa pakamwa. Munthu wokhala pa kamerayo ndi Coutard. Afika pafupi, aona kuwala, kenaka atembenuza kamera n'kuiweramitsa mpaka italoza ife oonera. Nthawi yoyamba kuona zimenezi thupi linachita tsemwe. Munthu uja wa kuseri anali atatulukira poyera, ndipo amene ankajambulidwa tsopano ndinali ine.

Sindingamuyamikire osanena za mbali imene imandilemera. Coutard anali msilikali wa nkhondo ya atsamunda, ndipo mtima wake sunachokeko ku gulu la nkhondo. Mu 1964 anabwerera ku nkhalango za Cambodia ndi Schoendoerffer kukajambula La 317e Section, nkhani ya kagulu ka asilikali kothawa nkhondo itawaipira. Ndi kanema wa mvula, matope ndi thukuta, wojambulidwa ndi munthu wodziwa kulemera kwa nsapato yonyowa. Le Crabe-tambour, wa anthu omwewa, anamupatsa mphoto ya César mu 1978. Kanema woyamba amene anatsogolera yekha, Hoa-Binh wa mu 1970, dzina lotanthauza mtendere m'chinenero cha ku Vietnam, amaona nkhondo ndi maso a ana awiri a ku Saigon, mnyamata ndi mlongo wake wamng'ono, bambo atapita kunkhondo, mayi atamwalira. Analandira mphoto ya Jean Vigo ndi ya kanema woyamba ku Cannes, ndipo anafika pa mndandanda wa Oscar. Ameneyo ndimamulandira ndi manja awiri. Koma mu 1980 anatulutsa La Légion saute sur Kolwezi, wonena za asilikali a France amene anatera ndi maparachuti mu Meyi 1978 m'tauni ya migodi ya Kolwezi ku Zaire, kufupi ndi malire a Zambia, zigawenga zochokera ku Angola zitailanda. Anthu akuda amene anafa m'masiku amenewo anali ochuluka kuposa azungu, koma kanemayo mtima wake uli pa opulumutsa ndi azungu opulumutsidwa. Diso limene linaona ana a ku Saigon likanatha kuonanso ana a ku Kolwezi, ndipo zimandiwawa kuti silinacheuke mokwanira.

Atakalamba anagwira ntchito ndi Philippe Garrel, n'kubwerera ku zithunzi zopanda mtundu, zakuda ndi zoyera. Kanema wake wotsiriza, Sauvage innocence, anatuluka mu 2001. Mu 2007 anatulutsa buku la moyo wake, L'Impériale de Van Su, dzina lochokeranso ku Indochina. Anamwalira pa 8 Novembala 2016 ku Labenne, kufupi ndi Bayonne, kum'mwera chakumadzulo kwa France, ali ndi zaka 92.

Dzuwa litapendeka ndinachoka pa Campagne-Première n'kuyenda mphindi zochepa kupita ku manda a Montparnasse. Man Ray ali mmenemo, Jacques Demy ali mmenemo pamodzi ndi mkazi wake Agnès Varda. Jean Seberg, amene anamwalira mu 1979 ali ndi zaka 40, anagonanso momwemo, kaulendo kochepa kuchokera pamene anaima akuyang'ana Belmondo ali gone, n'kudutsitsa chala chachikulu pamilomo yake, maso ali mu kamera ya Coutard. Pamanda ake ndinapezapo maluwa ndi timiyala tosiyidwa ndi alendo.

Pobwerera ku siteshoni ndinadzeranso pamphambano paja. Ndinayenda mpaka pa 11, n'kutembenuka kuyang'ana ku Raspail, pamene kamera inayambira kulondola. Nyumba za mbali imodzi zinali zitaponya mthunzi pamsewu wonse, koma kumapeto, pamene msewu umatsegukira mu waukulu, kunali kowala, ndipo aliyense wolowera kumeneko ankasanduka chithunzithunzi chakuda. Mayi wina anatuluka pachitseko china atakwapatira buledi wautali m'khwapa, mwana wake akuthamanga patsogolo pake. Ndinatulutsa foni m'thumba, ndinadikira kuti mwanayo afike powala, n'kudina.